Phukusi la "zonse pamodzi" la obwereketsa katundu wa ukwati: zomwe mumalandira ndi zomwe koteshoni sinena

Ku Lilongwe ndi ku Blantyre obwereketsa katundu wa ukwati ambiri anasiya kubwereketsa chinthu chimodzichimodzi. Mukawapeza amakutulutsirani koteshoni ya tsamba limodzi: matenti, mipando yovekedwa nsalu, tebulo la akwati ndi zokongoletsa zake, kapeti yofiira, tebulo la keke, zimkuzamawu pamodzi ndi DJ, mwinanso ndi MC yemwe. Mtengo ndi umodzi, ndipo pamwamba pamalembedwa chiwerengero cha anthu. Ndemanga ino ikuunika phukusi limeneli pa madyerero a panja, a pa kapinga, oyamba cha m'ma 1 koloko masana n'kutha cha m'ma 5, anthu oitanidwa ali 300.

Tiyambe ndi kuyamika, chifukwa choyamika chilipo. Katundu yense amabwera pa lole imodzi, ndipo pakavuta chinthu komiti imadziwa woimbira foni. Mitundu ya nsalu imagwirizana chifukwa wasankha ndi munthu mmodzi. Anyamata omanga matenti amadziwana ndi okongoletsa, choncho sipakhala zolozana zala kuti wachedwetsa mnzake ndani. Mtengo wakenso kawirikawiri umatsikako poyerekeza ndi kubwereka kwa anthu anayi osiyana, aliyense ndi ndalama yake ya thiransipoti. Pa zimene maso amaona ndi zimene kamera imajambula, phukusili limakwanitsa. Vuto lake ndi lakuti koteshoni imatchula mayina a zinthu koma siitchula miyeso, ndipo zimene zimaononga tsiku la ukwati zimabisala m'miyesomo.

Taonani mawu akuti "matenti a anthu 300". Munthu wokhala pa mpando wa pamzere, popanda tebulo, amafuna malo okwana pafupifupi 0.7 ya sikweya mita, kuwerengera ndi tinjira todutsamo. Akakhala pa tebulo lozungulira amafuna pafupifupi 1.2. Tenti yaing'ono yosongoka pamwamba ija, ya mamita 5 mbali zonse, ili ndi masikweya mita 25: imalowa mipando 30 kapena 35 pamizere, koma matebulo ozungulira awiri okha. Tenti ya mamita 10 kwa 20 imasunga anthu pafupifupi 280 pamizere, koma pamatebulo sapitirira 160. Ndiye koteshoni ikangoti "anthu 300" osanena kukula kwa tenti iliyonse ndi kakhalidwe ka anthuwo, simukudziwa chimene mwalipira. Uzani obwereketsawo alembe chiwerengero cha matenti ndi mamita ake. Tenti ya akwati, ya keke, ya DJ ndi ya akashiya zisalowe m'chiwerengero cha alendo.

Ndipo ukwati wa kwathu kuno sutha ndi anthu a makhadi okha. Abale ochokera kumudzi amabwera ndi ana, a kwaya amabwera onse, oyandikana nawo nyumba sangabwezedwe pa geti. Onjezerani mipando 30 pa 300 ija, ndipo isanjikidwe pambali kuti itulutsidwe ikafunika. Nsalu zoveka mipando zimakongoletsa, koma zimabisanso mpando wa pulasitiki wong'aluka mwendo. Munthu mmodzi wa m'komiti aone mipandoyo isanavekedwe. Mipando yamakono ya miyendo yowonda ija imakongola pa chithunzi, koma pa kapinga wothiriridwa dzulo lake imamira ngati nsapato za gogoda, ndipo agogo akapendekeka nayo palibe amene adzakumbukire kukongola kwake. Pemphani eni malo asiye kuthirira kapinga masiku awiri ukwati usanachitike.

Koyang'anitsa matenti ndi nkhani imene omanga amaiganiza m'mawa, dzuwa lili kum'mawa, pamene madyerero ndi a masana. Kuyambira 2 koloko dzuwa limapendekera kumadzulo ndipo limalowa pansi pa denga la tenti. Tenti ya akwati ikayang'ana kumadzulo, mkwatibwi amakhala maola atatu akutsinzina, zodzola zikusungunuka, ndipo keke ili pomwepo. M'miyezi ya June ndi July dzuwa la masana limakhala cha kumpoto chakumadzulo, pamene mu December limakhala cha kummwera pang'ono. Pitani pamalopo 3 koloko masana, sabata imodzi ukwati usanafike, muime pamene padzakhale akwati. Mphindi zisanu zimenezo zikuuzani zimene koteshoni siinganene.

Mphepo nayo. Mu August ndi September kumaomba mphepo yafumbi, ndipo mu October kamvulumvulu amatha kudzuka masana popanda chenjezo. Tenti imagwira ndi zikhomo ndi zingwe, osati ndi kulemera kwake. Mwendo uliwonse ufunika chikhomo chachitsulo chachitali, chokhomedwa mopendekera kunja, ndi chingwe chokoka. Anyamata akathamanga amangokhoma m'makona n'kusiya miyendo ya pakati. Pamalo owaka njerwa kapena simenti, pamene chikhomo sichilowa, pamafunika zolemera zomangirira mwendo uliwonse, monga migolo yodzaza madzi, ndipo zimenezi sizikhala m'phukusi pokhapokha mutazitchula. Funsaninso eni malo pamene padutsa mapaipi a madzi ndi mawaya a pansi, chifukwa chikhomo chikaboola paipi bilu imapita kwa akwati. Ngati ukwati uli pakati pa November ndi April, nsalu zotchinga m'mbali ndi ngalande zolumikiza tenti ndi inzake zilembedwe. Matenti awiri ogundana popanda ngalande amathira madzi a mvula ndendende pamzere wa anthu okhala pakati.

Pamene phukusili limafookera kwambiri ndi pa magetsi. Koteshoni imati "zimkuzamawu", ndipo ena amaonjezera kuti "jenereta ilipo". Mawu amenewa sakwanira. Jenereta yolembedwa 5 kVA imapereka mawati pafupifupi 4,000. Masipika awiri a pamwamba, awiri a besi, mikisa ndi laputopu zimadya pakati pa mawati 1,500 ndi 2,500, malinga ndi mmene DJ wakwezera. Mpaka apa zili bwino. Koma kukhitchini wina akalumikiza ketulo yaikulu yowiritsira madzi, imene payokha imadya mawati 2,000 mpaka 3,000, jenereta imabanika n'kuzima, kapena mphamvu imatsika n'kuotcha zimkuzamawu. Firiji yaikulu imadya pang'ono ikamayenda, koma polira imakoka mphamvu kuwirikiza katatu kapena kuposa, ndipo nthawi iliyonse imene yalira masipika amachita phokoso. Lamulo lake ndi losavuta: jenereta ya zimkuzamawu ikhale ya zimkuzamawu zokha. Zakukhitchini zipeze njira ina, kaya gasi, makala kapena jenereta yachiwiri.

Mafuta a jenereta ndani agula? Makoteshoni ambiri sanena, ndipo funsoli limadzatulukira magetsi a ESCOM atathima kale, mkwati ndi mkwatibwi ali pakati pa kapeti. Jenereta ya petulo ya kukula kumeneku imamwa pafupifupi malita 2 pa ola ikalemedwa. Kuchokera pa kuyesa zida 11 koloko mpaka 5 koloko ndi maola 6, kutanthauza malita 12, ndiye khalani ndi malita 20. Agulidwe Lachitatu kapena Lachinayi, osati Loweruka m'mawa. Nthawi imene mafuta akusowa, malo omwetsera mafuta amakana kuthira m'zigubu popanda chilolezo cha MERA, bungwe loyang'anira za mafuta ndi magetsi, choncho zimenezi n'zoyambira kale. Thanki idzazidwe mwambo usanayambe, pakuti kuthira petulo jenereta ikulira kapena ili yotentha ndi kuitana moto.

Jenereta iikidwe mamita 20 mpaka 30 kuchokera pa matenti, kumene mphepo ikulowera, kuti utsi ndi phokoso zisabwerere kwa anthu. Mtunda umenewu umafuna waya wonenepa, wa 2.5 mm², osati kawaya ka m'nyumba kolumikizira wailesi. Waya wokulungidwa pa gudumu atambasulidwe yense, chifukwa akatsala wokulungika amatentha n'kusungunuka. Pamene wadutsa njira ya anthu aphimbidwe. Malangizo athu ndi akuti zimkuzamawu ziyambire pa jenereta kuyambira pachiyambi, ngakhale magetsi a ESCOM alipo. Kusintha pakati pa mwambo kumadya mphindi 10 kapena 15: kuzimitsa masipika, kuliza jenereta, kudikira ikhazikike, kuyatsanso. Mphindi zimenezo zikagwera pa perekaniperekani, anthu amene anaimirira ndi ndalama m'manja amabwerera kukakhala, ndipo ambiri sadzukanso.

Kanthu kakang'ono kamene kachititsa manyazi maukwati ambiri ndi mabatire a maikolofoni yopanda waya. MC amalankhula maola anayi osapuma. Pakhale mabatire atsopano mapeyala awiri osatsegula, ndi maikolofoni imodzi ya waya yolumikizidwa kale, yoyesedwa. Nyimbo zolowera akwati, zodulira keke ndi za magule a aperekezi zipatsidwe kwa DJ pa fulashi masiku atatu ukwati usanachitike, ndipo aziyese pa zida zake. Kudalira kuti adzazikoka pa intaneti pamalopo, kapena pa foni ya mperekezi imene ingalire pakati pa nyimbo, n'kudziika pa mpeni.

Tsopano perekaniperekani, amene ndiye mtima wa madyerero, komanso pamene banja limayembekezera kubwezako zina mwa zimene lawononga. N'zodabwitsa kuti phukusi lokonzedwa ndi anthu odziwa maukwati a ku Malawi silikhala ndi kalikonse ka gawo limeneli. Tebulo la akashiya palibe. Mipando yawo palibe. Kapeti yofiira ija ndi yopapatiza, mita imodzi ndi pang'ono, yongoyendapo akwati, pamene ndalama zimagwa pa bwalo lonse. Pa kapinga kapena pa fumbi ndalama zimapondedwa, kunyowa, kung'ambika, zina kuuluka ndi mphepo kulowa pansi pa mipando. A Reserve Bank of Malawi akhala akudandaula za kuponda ndalama pa maukwati, ndipo akunena zoona: ndalama yong'ambika ngakhale wa minibasi amaikana. Pemphani choyala chachikulu, chosachepera mamita 5 kwa 5, chokhomedwa m'makona kuti asapunthwepo ovina, ndi malichero kapena madengu akuya osachepera anayi, kuti MC azilimbikitsa anthu kuponya m'menemo.

Tebulo la akashiya likhale pamthunzi, kumbuyo kwake kotchingidwa kuti pasamadutse munthu, ndipo lionekere kwa ankhoswe a mbali zonse ziwiri. Akashiya achokere ku banja la mkwati ndi la mkwatibwi mofanana, pakhalenso kope lolembamo ndalama za gawo lililonse, ndi timalabala tomangira. Chosaiwalika n'chenji. Alendo amabwera ndi ma K2,000 ndi ma K5,000 n'kufuna kusintha kuti avine nthawi yaitali. Akashiya akayamba opanda ma K100, ma K200 ndi ma K500, magawo awiri oyamba amazizira chifukwa anthu ali pamzere kudikira kuti zoponyedwa zitoledwe. Chenjiyo atengedwe ku banki mkati mwa sabata, awerengedwe pamaso pa anthu awiri, ndipo achotsedwe kaye powerenga zopezeka. Nambala za Airtel Money ndi TNM Mpamba zilembedwe zikuluzikulu pa chikwangwani pafupi ndi tebulolo, ndi dzina limene lituluke potumiza, kuti otumiza asakayike. Ndipo galimoto yonyamula ndalama ndi anthu oiperekeza zidziwike mwambo usanayambe, isachoke mdima utagwa.

Zimbudzi sizikhala pa koteshoni iliyonse imene ili ndi mawu oti "zonse". Obwereketsa amati ndi za eni malo, eni malo amakuonetsani zimbudzi ziwiri zimene zimakwanira pa tsiku wamba. Muyeso wabwino ndi chimbudzi chimodzi pa anthu 50, ndiye pa 300 pafunika 6, zochuluka zikhale za amayi. Chimbudzi chogejemula chimataya malita 6 mpaka 9 ulendo umodzi. Aliyense akangopita kamodzi, apo ndi malita osachepera 1,800, migolo 9 ya malita 200. Madzi a m'mipopi akasiya Loweruka masana, monga zimachitikira m'madera ambiri a mizinda yathu, zimbudzizo zimatsekeka ola lisanathe. Funsani ngati pali thanki, ndi ya malita angati, ndipo kaoneni nokha kuti ndi yodzaza Lachisanu madzulo. Pakhale munthu wolipidwa woyang'anira zimbudzi tsiku lonse, ali ndi mapepala, sopo, ndowa ndi chokolopera. Pafupi ndi pogawira chakudya pakhale ndowa za mpopi zosambira m'manja ndi sopo. Mliri wa kolera wa 2022 ndi 2023 unatiphunzitsa kuti beseni limodzi losambamo onse si ulemu ayi. Mkwatibwi apezeredwe chimbudzi chakechake, chotakasuka, chouma pansi, chifukwa diresi la ukwati sililowa m'kachipinda konyowa.

Zakumwa nthawi zambiri komiti imagula yokha, koma kuziziritsa aliyense amayesa kuti ndi udindo wa mnzake. Anthu 300, mabotolo awiri aliyense, ndi mabotolo 600, makireti 30 a mabotolo 20. Firiji imodzi siingaziziritse zimenezi m'mawa umodzi. Chimene chimagwira ntchito ndi migolo yodula pakati kapena mabafa, ayisi ndi madzi pang'ono: botolo lomira m'madzi a ayisi limazizira pasanathe ola. Ayisi aodedwe msanga, makamaka mu October ndi November pamene maukwati ndi kutentha zimakumana, ndipo afike cha m'ma 11, osati mbandakucha. Zotsegulira mabotolo zikhale chimodzi kwa wogawa aliyense, chomangidwa pa chingwe. Mabotolo opanda kanthu ali ndi dipoziti, ndiye pakhale ana awiri kapena atatu odalirika otolera mwambo uli mkati. Madzi akumwa a akwati ndi aperekezi aikidwe pa tebulo lawo asanafike. Anthu amenewa amakhala atadzuka 4 koloko m'mawa, apita kutchalitchi, aima padzuwa pojambulitsa, ndipo amene amakomoka pa ukwati kawirikawiri ndi mperekezi amene sanadye kapena kumwa kanthu.

Tebulo la keke limene limabwera m'phukusi limaoneka bwino koma ligwedezeni. Pa kapinga miyendo yake siikhala mofanana, ndipo keke ya nsanjika zitatu ndi yolemera. Pansi pa miyendo paikidwe timatabwa, tebulo likhale pamthunzi wa masana, kutali ndi sipika ya besi imene imanjenjemeretsa chilichonse chili pafupi. Keke ya kirimu wa batala siipirira kutentha kwa October panja, choncho ifike mochedwerapo. Mpeni, mbale yoikapo zidutswa, mafoloko awiri ndi timapepala tokulungira keke yogulitsa sizibwera ndi tebulo, ndipo wophika keke naye amayesa kuti zibwera ndi okongoletsa.

Gawo lomaliza la koteshoni, limene limalembedwa ndi zilembo zazing'ono kapena kungonenedwa pakamwa, ndi la nthawi ndi zowonongeka. Matenti amangidwe Lachisanu, kuti Loweruka m'mawa kutsale kukongoletsa kokha. Obwereketsa amene ali ndi maukwati atatu tsiku limodzi amayamba ndi amene anaumirira nthawi yolembedwa, ndipo wosalemba amamangiridwa alendo akufika. Koma katundu akagona pamalopo, mlonda wa usiku ndi wa ndani? Mpando ukasowa usiku umenewo, alipira ndani? Zilembedwe. Katundu awerengedwe potsitsa ndi pokweza, munthu wa komiti ndi wa kampani ali limodzi, onse asayine. Popanda zimenezi, Lolemba kumabwera uthenga woti mipando 12 ndi nsalu 20 zasowa, ndipo palibe amene angatsutse. Mtengo wa chinthu chilichonse chikasweka kapena kuthimbirira udziwike pasadakhale, makamaka nsalu zoyera za patebulo zimene zimadonthedwa ndi Fanta ndi phula la makandulo.

Nthawi yotsekera nayo ili ndi mtengo. DJ ndi MC a m'phukusi amawerengera maola, ndipo madyerero amene anayenera kuyamba 1 koloko akayamba 2:30 chifukwa akwati anachedwa kojambulitsa, maola owonjezerawo amalipiritsa. Mu June ndi July dzuwa limalowa cha m'ma 5:30, ndipo phukusi la masana silikhala ndi magetsi ounikira. Mababu anayi okha, awiri pa tebulo la akashiya ndi awiri pokwezera katundu, amapulumutsa zambiri. Ngati MC wa m'phukusi simunamuonepo akugwira ntchito, kamuoneni pa ukwati wina, ndipo mumupatse mndandanda wa mayina a ankhoswe, makolo ndi abusa olembedwa bwino, ndi maudindo awo. Kulakwitsa dzina la mfumu kapena kuiwala kuitana azakhali a mkwati ndi nkhani imene imakambidwa zaka.

Za malipiro, dipoziti ndi yoyenera chifukwa amakusungirani tsiku, koma musamalize ndalama yonse katundu asanafike. Gawo lomaliza liperekedwe Lachisanu matenti ataima ndipo mwawerenga. Lipirani kudzera ku banki kapena pa foni kuti patsale umboni, ndipo mulandire lisiti yokhala ndi tsiku la ukwati ndi malo ake. Funsaninso chimene chimachitika tsiku likasintha. Maliro pabanja amasuntha ukwati, ndipo kampani yabwino imalola kusamutsa dipoziti ku tsiku lina m'malo moidya. Pitani kumene amasunga katundu mukaone matenti enieniwo, osati zithunzi za pa Facebook kapena WhatsApp, zimene mwina zinajambulidwa katunduyo ali watsopano. Tambasulani denga limodzi muyang'anitse kudzuwa: timabowo tonse tioneka.

Phukusili ndi loyenera kwa banja limene likuchitira madyerero pa malo opanda chilichonse, pabwalo la sukulu, la tchalitchi kapena pakhomo, ndiponso kwa komiti ya anthu ochepa amene sangathe kuthamangitsana ndi obwereketsa asanu. Kwa amene abwereka holo yokhala kale ndi mipando, zimbudzi ndi jenereta yake, theka la phukusi ndi kulipira kawiri, ndipo kuli bwino kungotenga okongoletsa ndi zimkuzamawu padera. Kwa amene alitenga, tengani koteshoni ija mukhale nayo pansi ndi tcheyamani ndi msungichuma wa komiti, ndipo pafupi ndi mzere uliwonse mulembe nambala: matenti angati a mamita angati, mipando ingati, jenereta ya kVA zingati ndi malita a ndani, kumanga tsiku liti ola lanji, kuphwasula ola lanji. Kampani imene ikudziwa ntchito yake imayankha mafunso amenewa pomwepo n'kusayina. Imene ikuti "musadandaule bwana, zonse tikonza" koma osafuna kulemba, isiyeni mufunse ina, tsiku likadali kutali.